Funsani Dokotala: Ena zaka 19 osajomba, ena bondo kutha ali anyamata

Funso: Adokotala, ine ndi mnzanga timaonera limodzi magemu a NBA, ligi ya basketball ya ku America, ndipo pali nkhani yomwe sitikumvana. Iye akuti osewera akale monga John Stockton ndi A.C. Green ndiwo anali amuna chifukwa sankajomba, pomwe anyamata a masiku ano kakangowapweteka pang'ono basi, akhala pabenchi. Ine ndimamuuza kuti ndi mwayi chabe. Kodi thupi losavulalavulala munthu amabadwa nalo kapena amachita kulisamala? *Wokonda basketball, Ndirande*

Yankho: Achimwene, manambala amene mnzanuyo akudalira ndi oona. Sizoni ya NBA imakhala ndi magemu 82 kuyambira Okutobala mpaka Epulo, atatu kapena anayi pa sabata, ena lero ndi mawa, pakati pake ulendo wa pandege usiku. M'kati mwa zonsezi A.C. Green anasewera magemu 1,192 ondondozana kuyambira Novembala 1986 mpaka pomwe anapuma mu Epulo 2001. Mu 1996 anamumenya chigongono pakamwa n'kutaya mano awiri, koma gemu yotsatira anali m'bwalo. Stockton anakhala zaka 19 ku Utah Jazz n'kuphonya magemu 22 okha, ndipo 18 mwa amenewo anali a nthawi imodzi, mu 1997, atamuchita opaleshoni ya bondo.

Chomwe ndikukana ndi chiweruzo chake choti wojomba ndi wofooka. Karl Malone, yemwe ankasewera limodzi ndi Stockton, anatha zaka 18 ku Utah ataphonya magemu 10 okha. Atapita ku Los Angeles Lakers ali ndi zaka 40, wosewera wa timu ina anamugwera pabondo mu Disembala 2003, ndipo sizoni imeneyo anasewera magemu 42 basi. Khama lake linali lomwe lija. Apa ndiye mfundo yanu ya mwayi ikulowa.

Komatu si mwayi wokha. Msinkhu ndi kaseweredwe zimawerengedwa. Stockton anali wamtali mamita 1.85 ndipo ntchito yake inali kugawa mipira, osati kuuluka pamwamba pa anzake. Yao Ming anali wamtali mamita 2.29, wolemera makilogalamu pafupifupi 140. Munthu akalumpha n'kutera, mapazi ndi mawondo amalandira mphamvu yoposa kulemera kwake kangapo, ndiye werengerani nokha kuti mafupa a phazi la Yao ankasenza zotani usiku uliwonse. Anasiya mpira mu 2011 ali ndi zaka 30.

Derrick Rose sanali chimphona, koma ankathamanga, kuima mwadzidzidzi, kukhota ndi kutera mwamphamvu kuposa anzake ambiri. Anakhala MVP, kutanthauza wosewera wopambana onse pa sizoni, mu 2011 ali ndi zaka 22. Pa 28 Epulo 2012 mtsempha wa mkati mwa bondo wotchedwa ACL unaduka popanda womukhudza. Ndi momwe umadukira kawirikawiri: phazi lakakamira pansi, bondo lapindikira mkati, thupi likupita kwina. Wovulala amamva kulira kwa chinthu choduka, ndipo pakangotha maola ochepa bondo latupa. Ngakhale opaleshoni iyende bwino, pamafunika miyezi 9 mpaka 12 munthu asanabwerere m'bwalo, ndipo wobwerera msanga amaudulanso mosavuta. Otsata ntchembere mbaye akukumbukira kuti Mwawi Kumwenda naye anaduka mtsempha womwewu mu 2018 akusewera ku Australia. Atsikana ndi amayi umawadukira kawirikawiri kuposa amuna.

Chachikulu chomwe ndikufuna mukamuuze mnzanuyo n'chakuti kuvulala kumaitana kunzake, makamaka ngati koyambako sikunapole bwino. Rose anaduka ACL ya bondo lamanzere, ndipo atangobwerera mu 2013 chichereŵechereŵe cha bondo lamanja chinang'ambika. Klay Thompson anaduka ACL kumanzere mu Juni 2019, kenako mtsempha wa chidendene kumanja mu Novembala 2020, n'kudzaonekanso m'bwalo mu Januwale 2022. Mwendo umodzi ukafooka, winawo umasenza katundu wa iwiri.

Nkhani ya Grant Hill ndiyo imandikhudza kwambiri. Mu 2000, ali ku Detroit, anakakamira kusewera kakolo akupweteka, mpaka zinadziwika kuti fupa lathyoka. Pa masizoni anayi oyamba ku Orlando anasewera magemu 47 okha mwa 328. Anamuchita maopaleshoni angapo, ndipo mu 2003 bala linalowa tizilombo moti anatsala pang'ono kufa. Munthu yemweyo, atapola bwinobwino n'kupita ku Phoenix, anasewera magemu onse 82 ali ndi zaka 36, ndipo anapuma ali ndi zaka 40. Mnzanuyo akanamuona mu 2003 akanati ndi wofooka, chikhalirecho chomwe chinamudyera zaka zake zabwino n'kulimba mtima kumene mnzanuyo akukutamako.

Za anyamata a lero, mpira wawo ndi wothamanga kuposa wa kumapeto kwa zaka za m'ma 1990, ndipo poti ambiri akuponyera kutali, wotchinga amathamanga mtunda waukulu. Makina ojambula mkati mwa thupi a MRI akuonanso ming'alu yomwe kale munthu ankangosewera nayo osadziwa. Kuti ena amapumitsidwa alibe vuto n'zoona, ndipo n'chifukwa chake kuyambira sizoni ya 2023-24 wosewera ayenera kukwanitsa magemu 65 kuti apikisane nawo pa mphoto zikuluzikulu. Lamulo limeneli ine sindilikonda kwenikweni, chifukwa lingathe kukankhira m'bwalo munthu amene sanachire.

Funso: Adokotala, ndili ndi zaka 36 ndipo ndimasewera basketball ndi anzanga Loweruka lililonse. Masabata awiri apitawo katumba wakumanja anandikoka ndikuthamanga. Ndikuyenda, koma ndikakwera masitepe akupweteka. Tili ndi mpikisano sabata yamawa. Ndingamwe diclofenac n'kusewera? *Bambo wa ku Johannesburg*

Yankho: Ayi bambo, mpikisano umenewu ukupiteni. Katumba ndi mtsempha wa chidendene, uja amati Achilles, ndi chinthu chimodzi: minofu ili pamwamba, mtsempha uli pansi kulumikiza minofuyo ku fupa la chidendene. Minofu ikavulala siigwira bwino ntchito yake yofewetsa kutera, ndipo diclofenac angokubisirani ululu womwe ukanakuuzani kuti lekani.

Kevin Durant anavulala katumba wakumanja mu Meyi 2019, anakhala mwezi, n'kubwerera pa 10 Juni pa magemu a fainolo. Anasewera mphindi 12 zokha, Achilles wa mwendo womwewo n'kuduka, ndipo sizoni yonse yotsatira sanasewere. Tyrese Haliburton analowa gemu yomaliza ya fainolo mu Juni 2025 katumba akumuvuta, ndipo zinachitikanso chimodzimodzi chigawo choyamba chisanathe. Amenewa ali ndi madokotala owayang'anira tsiku ndi tsiku. Inu muli pa msinkhu umene mtsemphawu umadukira kwambiri, zaka za m'ma 30 ndi 40, makamaka kwa okhala pansi sabata yonse n'kudzathamanga mwamphamvu tsiku limodzi.

Dziyeseni motere. Gwirani khoma, imani ndi mwendo wovulalawo, nyamukani pa zala n'kutsika pang'onopang'ono. Mukafika maulendo 20 kapena kuposa popanda ululu, mofanana ndi mwendo winawo, yambani kuthamanga pang'ono, kenako kulumpha, ndipo mpira ubwere pomaliza. Kwa ambiri zimatenga masabata atatu mpaka asanu ndi limodzi.

Zinthu ziwiri zikuthamangitsireni kuchipatala tsiku lomwelo. Choyamba, kumva ngati wina wakumenyani kumbuyo kwa mwendo, mukacheuka palibe munthu, kenako n'kulephera kunyamuka pa zala. Ambiri amayendabe motsimphina n'kumati angobinya, motero amachedwa, pomwe mtsempha woduka umafuna chikhakha kapena opaleshoni m'masiku oyambirira. Chachiwiri, katumba kutupa, kutentha ndi kuwawa ngakhale mutakhala pansi, makamaka mutayenda ulendo wautali pabasi kapena pandege. Kumeneko kungakhale kuundana kwa magazi, vuto lomwe linathetsa mpira wa Chris Bosh ali ndi zaka 31. Ndipo ngati mwamwa mankhwala opha tizilombo a ciprofloxacin posachedwapa muwauze adokotala anu, chifukwa mankhwala a gulu limeneli amafooketsa mtsempha wa chidendene.

Funso: Adokotala, mwana wanga wamwamuna ali ndi zaka 16, watalika kwambiri zaka ziwiri zapitazi ndipo amasewera tsiku lililonse pabwalo la simenti. Kwa mwezi tsopano akudandaula pamwamba pa phazi. Tinakajambulitsa, anati fupa lili bwino. Ndamuthowa koma sizikusintha. Aphunzitsi ake a mpira akuti zimatha zokha. *Mayi wodandaula, Mzuzu*

Yankho: Mayi, mwachita bwino kusakhutira. Mwanayu asiye kaye kusewera kuyambira lero. Chomwe ndikuopa ndi mng'alu wa kafupa kotchedwa navicular, komwe kali pamwamba pa phazi chakumkati, patsogolo pang'ono pa kakolo. Sikathyoka tsiku limodzi. Kamang'aluka pang'onopang'ono chifukwa cholumpha mobwerezabwereza popanda kupuma, ndipo X-ray ya masabata oyamba nthawi zambiri sionetsa kanthu. Pakati pa kafupaka magazi amafika ochepa, n'chifukwa chake kamachedwa kulumikizana, ndipo kakanyalanyazidwa kamakana kulumikizana n'komwe.

Kafupa kameneka n'kamene kanachititsa Michael Jordan kuphonya magemu 64 m'sizoni yake yachiwiri, atavulala mu 1985. Joel Embiid wa ku Cameroon anasankhidwa kulowa mu NBA mu 2014 koma anatha masizoni awiri athunthu osasewera chifukwa cha komweka. Onse awiri anachira n'kudzakhala ma MVP. Yao Ming kanamukanika.

Muuzeni aloze ndi chala chimodzi pomwe pakupweteka, kenako mudinepo. Ngati ululu uli pamalo amodzi pafupa, ndipo akalumpha ndi mwendo umodziwo ukubaya, bwererani kuchipatala mukapemphe kuonana ndi a za mafupa. Mukawafotokozere kuti ululu watha mwezi, kuti amalumpha tsiku lililonse, ndiponso kuti X-ray yoyamba sinaonetse kanthu. Angathe kujambulanso kapena kumutumiza ku CT kapena MRI. Ukapezeka mng'alu, chithandizo chake ndi chikhakha ndi ndodo, osaponda pansi masabata 6 mpaka 8. Kuthowa ndi kusisita sikulumikiza fupa.

Akachira, muonetsetse zingapo. Mafupa a mwana amene akukula msanga amatsalira pa mphamvu, choncho azipuma masiku awiri pa sabata ndipo azigona maola 8 mpaka 10. Azidya mokwanira, chifukwa anyamata ambiri otere amawotcha zambiri kuposa zomwe akudya: usipa ndi matemba odyera limodzi ndi minga yake, mkaka ukapezeka, mazira, nyemba, masamba. Tembenuzaninso nsapato zake muone kunsi. Nsapato ya pa kaunjika imaoneka bwino pamwamba pomwe mkati inaphwa kale, ndipo pa simenti phazi ndilo limalipira. Aphunzitsiwo muwauze mwaulemu kuti ululu wa pafupa umene watha mwezi sutha wokha mwana akulumphabe.

Funso: Adokotala, ndabinya kakolo yemweyemweyo katatu chaka chino. Ndiye kuti mpira si wanga? *Mtsikana wa ku Chipata*

Yankho: Ayi achemwali, mpira ndi wanu ndithu. Kubinya kakolo ndiko kuvulala kofala kwambiri mu basketball. Stephen Curry ankabinya mobwerezabwereza moti anamuchita opaleshoni mu 2011 ndi 2012, ndipo sizoni ya 2011-12 anasewera magemu 26 okha. Atalimbitsa chiuno ndi ntchafu n'kuyamba kuvala zomangira akakolo, anakhala MVP mu 2015 ndi 2016.

Mukabinya, mitsempha imatamuka, komanso phazi limataya luso lake lodziwa mmene laponderamo, ndipo lusoli silibwerera lokha ululu ukatha. Tsiku lililonse imani ndi mwendo umodziwo kwa mphindi imodzi, katatu. Zikaphweka tsinzinani, kenako imani pa pilo, kenako wina azikuponyerani mpira muli chiimire. Chitani zimenezi masabata osachepera 6, ndipo posewera muzimanga kakoloyo kwa miyezi 6 mpaka chaka. Mukadzabinyanso, masiku awiri oyamba ikani chozizira, mangani bandeji, kwezani mwendo, osathowa ndi madzi otentha. Mukalephera kuponda n'kuyenda mapazi anayi, kapena fupa lenilenilo likamawawa mukalidina, kajambulitseni. Ngati kakoloyo akupitirizabe kugwedera mutachita zonsezi miyezi itatu, kaonaneni ndi a mafizo kapena a za mafupa akayeze mitsemphayo.