Tifunseni Zamasewera: Jezi yapakaunjika yafukula ligi yomwe inafa 1976

Funso: Akulu, ine ndinatola jezi ya basketball pakaunjika ku Limbe, ya orenji, pachifuwa analemba Spirits of St. Louis. Ndayang'ana matimu onse 30 a NBA dzinali mulibe, ndiye anzanga pa court akungondiseka ati ndinagula feki ya timu yongopeka. Timuyi inalipodi kapena andidya? — Wowerenga wa ku Bangwe

Yankho: Ayi achimwene sanakudyeni, kawauzeni anzanuwo akhale pansi. Timuyo inalipo ndithu, kungoti simungaipeze mu NBA, ligi yaikulu ya basketball ku America, chifukwa sinalowemo ndi tsiku limodzi lomwe. Inkasewera mu ABA, American Basketball Association, ligi yomwe inayamba 1967 nkumalimbana ndi NBA kwa masizoni 9 mpaka inatha 1976. Spirits yo inangosewera masizoni awiri omaliza basi. Jezi yanuyo ndikuganiza ndi zosoka pambuyo zokumbukira makedzana zija, yeniyeni ya nthawi imeneyo palibe angaiponye mu belo, koma ivaleni monyada.

Sizoni yomaliza ija, ya 1975-76, inali maliro okhaokha kuyambira pachiyambi. Mpira usanadunde nkomwe matimu awiri amene anali ndi mphamvu, Denver Nuggets ndi New York Nets, anali atapempha kale kuti alowe NBA, ndiye taganizani eni matimu enawo mmene anamvera, mwamanga gulu limodzi kenako akuluakulu a gululo ndi amene akuyamba kusuzumira kwa neba. Matimu amayenera kukhala 10. Baltimore Claws inafa mu October itangosewera magemu atatu oyeserera, ligi isanayambe. San Diego Sails inagwa mu November itasewera magemu 11. Utah Stars, timu yoti inatengapo chikho mu 1971 ndipo inali ndi masapota ake, inatseka kumayambiriro kwa December pa magemu 16 chifukwa mwini wake ndalama zolipira anyamata zinamuthera. Osewera ena a Utah anagulitsidwa ku timu ya jezi yanuyo, mmodzi mwa iwo Moses Malone, mnyamata amene anadumpha koleji nkulowa mpira wolipidwa akuchokera ku sekondale mu 1974.

Anatsala 7, ndipo pa 7 paja Virginia Squires inkangoyenda chokwawa, inawina magemu 15 nkuluza 68, makochi akusinthana ngati ma shifiti. Matimu ochepa chonchi munthu umangoonera nkhope zomwezomwezo sabata ndi sabata.

Ndiye chosangalatsa chili apa. Itafika nthawi ya All-Star, gemu yachionetsero ya akatswiri osankhidwa mu ligi yonse, mu January 1976 panalibenso zoti kummawa alimbane ndi kumadzulo, magulu anali atawaphwasula, ndiye anangoti timu yomwe ili pamwamba isewere ndi akatswiri ochokera matimu ena onse. Inali Denver, pakwawo, ndipo inawina 144-138. Pofuna kuti anthu adzaze holo anaganiza zoika mpikisano wa ma dunk, kudumpha nkulowetsa mpira mu ring ndi dzanja, pa half time, osewera asanu: Julius Erving, David Thompson, George Gervin, Larry Kenon ndi chimphona Artis Gilmore. Erving, amene amangomutchula Dr. J, anayenda chobwerera kuchoka pa mzere wa free throw akuwerenga mapazi mpaka mbali ina ya bwalo, holo yonse itaimirira, kenako anathamanga nkudumpha cha pa mzere uja, tsitsi lake la afro lili yangayanga, mpira mdzanja limodzi, phwa! mu ring. Ma dunk contest mukuoneraku anabadwira pamenepo, mu ligi yoti inali itatsala miyezi yochepa kuti iikidwe mmanda.

Denver ya kochi Larry Brown inamaliza pamwamba ndi 60-24, Nets pachiwiri ndi 55-29, ndipo awiri omwewa, omwe aja ankafuna kuthawa, ndi amene anakumana mu fainolo, yoti woyamba kuwina magemu anayi ndiye watenga chikho. Gemu yachisanu ndi chimodzi pa 13 May 1976 ku Nassau Coliseum, kwawo kwa Nets, Nets inali kumbuyo ndi mapointi 22 mu kota yachitatu, aliyense akuti basi tikaonana ku Denver gemu ya 7. Anapanikiza bwalo lonse, John Williamson anayaka moto kota yomaliza, mpaka anawina 112-106 nkutenga chikho 4-2. Erving mu fainolo imeneyo amagoletsa mapointi opitirira 37 pa gemu. Imeneyo ndiyo inali gemu yomaliza ya ABA.

Funso: Tathetsani mkangano wathu wa pa bawo. Ine ndikuti three-pointer anayambitsa ndi NBA, mnzanga akuti ayi. Tabetcherana fanta. — Wa ku Area 25

Yankho: Kagulenitu fantayo. NBA inayamba kugwiritsa ntchito mzere wa mapointi atatu, woti ukagoletsa uli kunja kwake amawerenga atatu, mu sizoni ya 1979-80, pomwe ABA inali nawo kuyambira 1967, limodzi ndi mpira wake wa mitundu itatu uja, wofiira, woyera ndi wabuluu, umene akuluakulu a NBA ankaunyoza ngati choseweretsa ana. Koma mnzanuyo asanyadenso kwambiri ngati akuti anayambitsa ndi ABA, kunali kaligi kena kotchedwa ABL komwe kanayesa mzerewu mu 1961 nkufa msanga.

Funso: Ndinamva kuti San Antonio Spurs sinayambire mu NBA. Ngati ligi yawo inali ndi osewera abwino choncho inatheranji, ndipo matimu ena anapita kuti? — Mayi wokonda Spurs, Johannesburg

Yankho: Mayi mwamva zoona. Ndipo ine ndinene maganizo anga, ABA sinafe chifukwa cha mpira woipa ayi, mpira unalipo wokoma kuposa wa NBA nthawi zina. Chinaipha nchakuti inalibe kontrakiti yamphamvu ya TV ya dziko lonse, imangodalira ndalama zapageti, pomwe malipiro a osewera amakwera chaka ndi chaka chifukwa maligi awiriwa amalandana anyamata. Zophatikizana anayamba kukambirana kalekale koma mlandu umene osewera a NBA anakasuma mu 1970, wodziwika ndi dzina la Oscar Robertson, unatsekereza mpaka 1976.

Mu June 1976 NBA inavomera kutenga matimu anayi okha: Spurs, Nuggets, Nets ndi Indiana Pacers. Sikuti anawalandira ndi nthungululu. Iliyonse inalipira madola 3.2 miliyoni polowa, anawamana ndalama za TV zaka zitatu, ndipo pa draft ya chaka chimenecho, pomwe matimu amasankha osewera atsopano, sanasankhe nawo. Nets ndiye inalira kwambiri, inauzidwa kuti iwonjezere madola 4.8 miliyoni kwa New York Knicks chifukwa cholowa mdera lawo, ndalama kunalibe, mapeto ake Nets, yoti inali itangotenga chikho cha ABA, inagulitsa Dr. J ku Philadelphia 76ers pa madola 3 miliyoni sizoni isanayambe. Kugulitsa ng'ombe yolimira kuti ulipire lendi ya munda. Chikho cha NBA Nets sinachilawebe mpaka pano, pomwe Spurs yanuyo inatsegula njira mu 1999, Denver inadikira mpaka 2023.

Virginia inafa mu May, mgwirizano usanachitike, ndiye sinatole kanthu. Kentucky Colonels, timu yabwino yoti inali itangotenga chikho mu 1975, mwini wake John Y. Brown analandira ndalama pafupifupi madola 3 miliyoni nkutseka, Gilmore nkupita ku Chicago Bulls. Osewera a ABA atalowa mu NBA sanachite manyazi, pa All-Star ya 1977 osewera 10 mwa 24 anali ochokera ku ligi yonyozeka ija.

Tsopano wa jezi uja amvetsere. Eni ake a Spirits, abale awiri Ozzie ndi Daniel Silna, anakana kungolandira cheke chimodzi nkumapita. Anatenga madola pafupifupi 2.2 miliyoni, nkuwonjezera kuti pa ndalama za TV zomwe matimu anayi aja azilandira, iwo azitapa gawo limodzi mwa magawo 7 ku timu iliyonse, mpaka kalekale, opanda tsiku lothera. Nthawi imeneyo ndalama za TV zinali zochepa ndiye enawo anasaina mosavuta. Kenako kunabwera Magic Johnson ndi Larry Bird, kenako Michael Jordan, makontrakiti a TV nkufufuma, abale aja akungolandira chaka ndi chaka alibe osewera, alibe holo, alibe kochi woti amulipire. Anali atatolera kale madola pafupifupi 300 miliyoni pomwe NBA inatopa nawo mu 2014 nkuwapatsa ena pafupifupi 500 miliyoni kuti mgwirizanowo auchepetse mphamvu. Ndiye akakusekaninso pa court paja, muwafunse kuti timu yawo yamoyoyo inapangapo zingati.