Mafunso ndi Mayankho: Myuda Amene Ankaimitsa Ntchito Yomanga pa Sabata

FUNSO: Ndine mmisiri womanga nyumba kuno ku Ulongue, m'boma la Angónia, ndipo ndimapembedza Loweruka. Anzanga amandinena kuti sindidzatukuka chifukwa ndimaika zida pansi Lachisanu madzulo, ngakhale mwini nyumba akufulumira kuti tifolere mvula isanagwe. Mkulu wina wa mpingo anatiuza za Myuda wothawa nkhondo, Paul Reichmann, amene analemera ndi zomangamanga uku akusunga Sabata, koma mnzanga akuti Sabata lomwelo ndi limene linamugwetsa. Zoona ndi ziti?

YANKHO: Zikomo bambo. Mkulu wa mpingoyo ananena zoona, ndipo mnzanuyo walondola pa mfundo imodzi yokha, yakuti munthuyu anagwadi.

Paul Reichmann anabadwira ku Vienna, likulu la dziko la Austria, mu 1930. Makolo ake anachokera ku Hungary, ndipo bambo ake, a Samuel, ankachita malonda a mazira. Chipani cha Nazi cha ku Germany, chimene chinkazunza Ayuda, chitalanda Austria mu 1938, banjali linathawira ku Paris, kenako mu 1940 linakafika ku Tangier, kumpoto kwa Morocco. Kumeneko mayi ake, a Renée, ankasonkhanitsa chakudya, kuchimanga m'timaphukusi ndi kuchitumiza kwa Ayuda amene anali m'misasa ya ukaidi ku Ulaya. Paul anaphunzira za chipembedzo ku England, ndipo asanagwirepo njerwa ankayendetsa sukulu za ana a Ayuda ku Morocco. Apa mukhoza kuona kuti kuthandiza ena sanakuyambe atalemera, anakulira momwemo.

Mu 1956 anasamukira ku Toronto, m'dziko la Canada, kumene abale ake ankagulitsa matailosi. Atafuna nyumba yosungiramo katundu, anaona kuti makontilakitala akutchula mitengo yokwera kwambiri, choncho Paul anayang'anira yekha ntchitoyo. Ndi mmene inayambira kampani ya Olympia & York, imene iye ndi abale ake Albert ndi Ralph anaikuza mpaka kumanga First Canadian Place mu 1975, nyumba ya nsanjika 72. Mu 1977 anagula nyumba zisanu ndi zitatu za maofesi ku New York pa nthawi imene mzindawo unali pa mavuto a zachuma ndipo ambiri ankaopa kugula, ndipo patapita zaka zochepa mtengo wake unakwera kwambiri.

Nthawi yonseyi, dzuwa likamalowa Lachisanu ntchito inkaima mpaka Loweruka usiku, chimodzimodzinso pa masiku a zikondwerero za Chiyuda. Inu mukudziwa tanthauzo lake kuposa ine: makina obwereka amangokhala koma kulipira kulipo, ndipo chiwongoladzanja cha kubanki sichipuma Sabata. Iye ankawerengeratu zimenezi popangana masiku omalizira ntchito, ndipo ndikuona kuti nanunso muyenera kumuuza mwini nyumba za tsikuli musanakumbe maziko, osati Lachisanu masana matope atapondedwa kale.

Chimene chinamugwetsa ndi Canary Wharf, malo a madoko akale kummawa kwa London, amene anawatenga mu 1987 kuti amangepo mzinda wa maofesi. Nsanja yaikulu ya One Canada Square inatha mu 1991, chuma chitalowa pansi, obwereka maofesi akusowa, ndiponso njanji yapansi pa nthaka imene inayenera kubweretsa antchito isanamangidwe. Inadzatsegulidwa mu 1999. Nyumbazo zinamangidwa ndi ngongole, ndipo mu 1992 kampaniyo inagwa ili ndi ngongole pafupifupi madola 20 biliyoni. Anthu a mumzinda wa Tete ndi ku Moatize sangadabwe nazo, pakuti anaona lendi ikukwera pamene migodi ya malasha inabweretsa alendo ambiri, n'kudzaonanso nyumba zina zikukhala zopanda anthu alendowo atachepa. Ndalama ya mbatata mukaimangira nyumba ya lendi kumene msewu sunafike, vuto lake ndi lomwelo, kungoti ndi laling'ono.

Za kupereka kwake, ndalama zambiri zinkapita ku sukulu za chipembedzo ndi masunagoge ku Canada, ku Israel ndi kwina, ndipo sankakonda kudzionetsera. Ayuda amatcha kupereka kotere tzedakah, mawu ochokera ku liwu lotanthauza chilungamo, chifukwa amakuona ngati udindo osati chifundo chabe. Ine chimandikhudza n'chakuti kampani ikagwa chonchi, sukulu zimene zinkaidalira nazonso zimamva kuwawa.

Mu 1995 anabwerera pamodzi ndi anzake ena n'kugulanso Canary Wharf, ndipo lero malowo ndi likulu lina la mabanki ku London. Anamwalira ku Toronto mu 2013 ali ndi zaka 83.