GTA ya kulaki ikuti uzimitse antivirus? Mphwanga, ima kaye

Sabata yatha ndinalandila imelo ya mnyamata wina wa ku Katete yofunsa za gemu ya pa kompyuta ya kulaki, ija yobedwa yosagula mwalamulo, akuti: "Akulu, mnzanga wandiikila GTA V ya kulaki pa fulashi koma ikuti ndiyambe ndazimitsa antivirus. Laputopu ni ya asisi anga, ndiyike?"

Mphwanga, usayike, antivirus ni pulogalamu yolonda kompyuta kuti tizilombo tisalowe. Akakuuza kuti manga galu usiku uno ndiye kuti pali amene afuna kulowa m'nyumba. Mu 2021 a Avast, kampani yopanga antivirus, anapeza kachilombo kotchedwa Crackonosh kobisika m'magemu a kulaki monga GTA V yomweyo, NBA 2K19 na Far Cry 5, kanalowa m'makompyuta opitilila 222,000. Kakalowa kamachotsa antivirus, kenaka kamagwilitsa nchito makina ako kukumba ndalama ya pa intaneti yotchedwa Monero, phindu n'kumapita kwa eni kachilombo, iwe n'kutsala na laputopu yotentha ngati mbaula.

Ine ndinazionela pa msuweni wanga kuno ku Chipata. Anagula magemu pa fulashi kwa munthu wina mu tauni, patangopita masiku ochepa fani inayamba kulila usiku wonse olo palibe chotsegula, batile osakhalitsa, ndiye na kuzima kwa malaiti kwa masiku ano tangoganiza, mapeto ake tinafufuta zonse n'kuikanso Windows, manotsi ake a ku koleji n'kupita pomwepo. Analila ndithu, ine mtima unandiwawa.

Pa foni n'chimodzimodzi. Ma APK aja (mafayilo oikila magemu pa foni ya Android) olonjeza makoini osatha a mu gemu ena amapempha chilolezo chowelenga ma SMS, pomwe makodi a ku banki na mauthenga a mobile money amabwelela momwemo. Gemu ya mpila ifunanji ku ma SMS ako?

Ndidziwa vuto ni ndalama, sindikuweluza ayi. Koma zaulele zovomelezeka zilipo. Epic Games Store, sitolo ya magemu ya pa intaneti, imapeleka gemu yaulele sabata iliyonse pa Chinayi, sufunika khadi ya ku banki, utsegula chabe akaunti n'kuitenga, ikhala yako mpaka kale. GTA V yomwe ufunayo anaipelekapo ulele mu May 2020. Pa Steam, sitolo inanso ya magemu, pali Dota 2 na Counter-Strike 2 zaulele, ukakhala wa mpila eFootball ya Konami ni yaulele, pa foni Dream League Soccer ili pa Play Store. Steam imatsitsanso mitengo kwambili cha mu June na December.

Magemu awa ni aakulu, amadya bandulo, ndiye dawunilodi pa Wi-Fi kapena dikila bandulo ya usiku. Ndipo asisi uwapemphe kaye usanaike chilichonse, fulashi ija um'bwezele mnzako.