Kodi zithunzi zokongola za mkuntho amazijambula bwanji?

FUNSO: Ndine mphunzitsi kuno ku Nchalo, ndipo ndimagoma ndi zithunzi za mitambo yabii ndi mphezi zomwe ndimaona pa intaneti. Ine ndikayesa ndi foni yanga, pamangotuluka mdima wokhawokha. Kodi anzathuwo amatani?

YANKHO: Aphunzitsi, vuto si dzanja lanu. Ching'aning'ani chimabwera n'kutha sekondi isanakwane, kotero mukamadina batani chimakhala chitapita kale. Akatswiri sachithamangira, amachitchera. Usiku amakhazika kamera pa choimikira cha miyendo itatu kuti isagwedezeke, n'kusiya diso lake chitsegukire kwa masekondi 10 mpaka 30, ndipo mphezi ikang'anima m'nthawi imeneyo imadzijambula yokha. Chithunzi chimodzi chomwe mwagoma nachocho chimakhala chosankhidwa pakati pa zambirimbiri zomwe zinangotuluka mdima ngati zanuzo. Pa foni njira yapafupi ndi kujambula vidiyo mutaitsamiritsa pawindo kapena pa njerwa, kenako n'kutapamo chithunzi pamalo pomwe mphezi yaonekera bwino.

Komatu inu muli ndi mwayi womwe a m'tauni alibe. Chigwa chathuchi n'chathyathyathya, thambo limaoneka lonse, ndipo chifundizi cha mu Okutobala ndi Novembala chimakweza mpweya wotentha womwe umaunjika mitambo italiitali chakumasana. Ine ndimaona kuti chithunzi chopambana ndi cha mvula isanafike, dzuwa litapendeka n'kumawalira mtambo wakuda cham'mbali. Amene anaimapo pa msewu wa M1 potsetsereka kuchoka ku Blantyre kulowera pa Thabwa akudziwa momwe mvula imaonekera ikuyenda ngati chinsalu pamwamba pa mtsinje wa Shire. Musajambule mtambo wokha. Pansi pake pakhale mlambe, munda wa nzimbe kapena bwato, kuti woona azindikire kukula kwa mkunthowo.

Chonde muziwerenga masekondi kuchokera pomwe kwang'anima kufikira pomwe bingu lagunda. Masekondi atatu alionse ndi mtunda wa kilomita imodzi, ndipo akachepera 30 lowani m'nyumba kapena m'galimoto, osati pansi pa mtengo.

Za madzi osefukira ndilankhule mosabisa, chifukwa kuno si nkhani ya kukongola ayi. Namondwe Ana wa mu Januwale 2022 anaononga damu la magetsi la Kapichira, ndipo Freddy wa mu Malichi 2023 anasiya maliro ndi misasa m'maboma a Chikwawa ndi Nsanje. Madzi a mu Ruo amachokera ku phiri la Mulanje, choncho angathe kufika ku Makhanga kumwamba kuli mbee. Gombe lomwe mwaimapo likhoza kugumuka, ndipo ng'ona zimayenda ndi madzi omwewo. Jambulani muli pamtunda. Mukafuna kujambula mayi yemwe nyumba yake yagwa, yambani mwamupepesa ndi kupempha chilolezo, ndipo akakana bwezani foni m'thumba.

Madzi akaphwa, pitani mukajambule mzere wa matope womwe watsala pakhoma la kalasi kapena la tchalitchi, munthu ataima pambali pake, ndipo mulembe tsiku ndi dzina la mudzi. Chithunzi chotero chidzathandiza ana anu a sukulu ndi komiti ya ngozi zogwa mwadzidzidzi ya m'mudzimo kudziwa pomwe madzi anafika.