Malonda akwera ndi zingati pachaka? Yankho kwa amayi a golosale ku Kapata mumzinda wa Chipata, m'Zambia

Amayi, mwafunsa kuti pa avareji malonda a golosale yanu akhala akukwera ndi ndalama zingati pachaka, poti mukufuna kulemba zimenezi pa pulani yopemphera ngongole ya CDF (Constituency Development Fund, thumba la boma la chitukuko cha m'madera). Manambala amene mwaika ndi awa: mu 2020 munagulitsa katundu wa K48,000, mu 2021 wa K60,000, mu 2022 wa K75,000, mu 2023 wa K90,000, koma mu 2024 malonda anatsika kufika pa K72,000.

Tengani malonda a chaka chomaliza, muchotsepo a chaka choyamba. K72,000 kuchotsapo K48,000 patsala K24,000. Chitaninso chimodzimodzi ndi zaka: 2024 kuchotsapo 2020 ndi 4. Mukagawa K24,000 ndi 4 mupeza K6,000. Ndiye kuti pa avareji malonda anu ankawonjezeka ndi K6,000 chaka chilichonse.

Ndaona ena pagulu pano akukuuzani kuti mugawe ndi 5 poti zaka zilipo zisanu. Musatero. Mukazika nsanamira zisanu pamzere, mipata yake imakhala inayi, ndipo ife tikuwerenga mipatayo, chifukwa kusintha kumachitika pakati pa chaka ndi chinzake. Mutha kudzitsimikizira nokha: malonda anakwera ndi K12,000, kenako K15,000, kenakonso K15,000, n'kutsika ndi K18,000. Mukaphatikiza zokwerazo n'kuchotsapo yotsikayo mubwerera pa K24,000, ndipo zosinthazo zilipo zinayi basi.

Komatu ine sindingakulangizeni kulemba K6,000 yokhayo. Onani, palibe chaka ngakhale chimodzi chimene malonda anu anakwera ndi K6,000. Masamu amenewa amangoyang'ana poyambira ndi pothera, za pakati sazidziwa. Kuchokera 2020 kufika 2023 malonda anakwera ndi K42,000 m'zaka zitatu, kutanthauza K14,000 pachaka. Chimene chagwetsa avareji ndi 2024, chaka cha chilala chija, pamene Pulezidenti Hakainde Hichilema analengeza mu February kuti dziko lili pa ngozi. Alimi a chimanga, nshawa ndi soya akapanda kukolola bwino, ndalama mumzinda wa Chipata muno siziyenda. Magetsinso ankathimathima chifukwa madzi anachepa ku damu la Kariba kumene amapangira magetsi, ndiye wogulitsa nsomba, nkhuku kapena zakumwa za mufiriji anavutika kawiri. Lembani manambala onse awiri, K14,000 ndi K6,000, mufotokoze chimene chinachitika pakati. Wowerenga pulani yanu chilalacho anachionanso.

Pali chinanso chimene chikundidetsa nkhawa kwambiri, ndipo ambiri a ife ochita malonda timachilumpha. Kuchoka pa K48,000 kufika pa K72,000 ndi kukwera kwa 50 peresenti. Pa pepala zikuoneka bwino, koma kwacha ya 2020 si ya 2024. Mu 2021 mokha mitengo ya zinthu m'Zambia inakwera ndi maperesenti opitirira 20, ndipo mukawerenga zaka zinayi zonsezi, mitengo inakwera kuposa 50 peresenti yanuyo. Choncho n'kutheka kuti ndalama za m'kabati zachuluka pamene katundu wotuluka pakhomo wachepa.

Ngati munasunga makope a oda, atulutseni. Sankhani zinthu zitatu zimene zimayenda kwambiri, mwina shuga, mafuta ophikira ndi sopo, muwerenge mabelo ndi makatoni amene munagula mu 2020 ndi mu 2024. Njira ndi yomwe ija: a 2024 kuchotsapo a 2020, n'kugawa ndi 4. Tiyerekeze kuti shuga anali mabelo 60 mu 2020 ndipo mu 2024 anali 52. Yankho likhala kutsika kwa mabelo awiri pachaka, ndipo polemba muike chizindikiro chochotsera kutsogolo, -2. Mukawapeza manambalawo aikeni pano tiwerengere limodzi musanapereke pulaniyo.