Mafilimu a agogowo musawaike pa pulojekita

Achimwene, mipukutu ya filimu ya 16mm imene mwapeza m'sutikesi ya malemu agogo ku Ntcheuyo musaiike pa pulojekita, ngakhale mtima ukufunitsitsa kuona ngoma imene anajambulayo. Ipite kaye kwa munthu wodziwa kusikana filimu, ndiko kuikopera m'kompyuta chithunzi chimodzichimodzi, muzidzaonera pa kompyuta.

Filimu ikakalamba imauma n'kukhwinyata, ndiye mano a pulojekita amang'amba timabowo ta m'mbali tija. Ine ndinaononga choncho mpukutu wa ukwati wa makolo anga kuno ku Dedza, ndipo mpaka lero zimandiwawa.

Tsegulani chitini chilichonse mununkhize. Mukamva fungo la viniga, filimuyo yayamba kuwola. Ipatuleni msanga chifukwa mpweya wa asidi umene ikutulutsa umaononganso inzake. Yotsalayo muigoneke pamalo ozizira ndi ouma, osati pafupi ndi denga la malata, osatinso pansi pomwe pamachita chinyontho nthawi ya dzinja. Musayese kuitsuka ndi madzi.

Akamaliza kusikana, pemphani fayilo yaikulu yosafinya, muisunge pamalo awiri osiyana. Ya pa Facebook kapena WhatsApp ikhale kope chabe, poti kumeneko amachepetsa kuoneka bwino kwa zithunzi. Filimu yeniyeniyo osataya. Muonetsenso akuluakulu akadali moyo, atchule maina a anthu, mudzi ndi chaka, inu mukulemba.

Ngati filimu yachita nkhungu kapena yamatana, musaimatule nokha. Funsani a National Archives, ofesi ya boma yosunga zolemba ndi zithunzi zakale, ku Zomba. Chimodzimodzi mukapezamo filimu yotakata kuposa ya 16mm ija, ya 35mm, ya zaka za m'ma 1940 kubwerera m'mbuyo, chifukwa ingakhale ya nitrate, yomwe sichedwa kugwira moto.