Kodi Arctic Monkeys inatchuka chifukwa cha intaneti basi?

Mmodzi mwa owerenga athu, yemwe amaimba gitala m'kagulu ka anyamata anayi, watilembera imelo yokhala ndi mafunso awiri. Wamva anthu akunena kuti Arctic Monkeys, gulu la ku England lija, linatchuka chifukwa cha intaneti, ndiye akufuna kudziwa ngati n'zoona. Akufunsanso kuti gulu lodzadza mabwalo a mpira lingatchedwe bwanji la indie.

Achimwene, zikomo potilembera. Tiyambe ndi funso lachiwirilo poti silichedwetsa. Poyambirira mawu akuti indie sankanena za kamvekedwe ka nyimbo, ankanena za kampani yotulutsa chimbale: yoima payokha, yosakhala pansi pa zikuluzikulu monga Universal, Sony ndi Warner. Gululi linasaina ndi Domino mu 2005, kampani ya ku London imene Laurence Bell anaiyambitsa mu 1993, ndipo zimbale zake zonse 7 ku Britain zatulukira komweko. Kukula kwa bwalo sikusintha zimenezo.

Tsopano nkhani ya intaneti. Muli choonadi pang'ono, koma amene amaifotokoza amadumpha ntchito ya zaka ziwiri imene inachitika intaneti isanalowererepo, ndipo ntchito imeneyo ndi imene ingakuthandizeni inuyo.

Gululi linayamba mu 2002 ku High Green, dera la kumpoto kwa mzinda wa Sheffield. Alex Turner ankaimba ndi kuliza gitala, Jamie Cook gitala ina, Matt Helders ng'oma, Andy Nicholson besi. Anaonekera koyamba pagulu mu June 2003 m'bala ina yaing'ono ya mumzindawo yotchedwa The Grapes. Kenaka anayamba kupita ku situdiyo ya 2fly, kwa Alan Smyth, kukajambula nyimbo zongoonetsera luso lawo, zimene oimba amati demo. Ankajambula pang'onopang'ono mpaka zinakwana 18. Nyimbozo sanazigulitse. Ankazikopera pa ma CD n'kumagawira ulele anthu obwera kudzawaonera.

Taganizani mmene zimenezi zimagwirira ntchito. Munthu wabwera ku bala Lachisanu, wamva nyimbo kamodzi m'phokoso, mawa waiwala. Koma akabwerera kwawo ndi CD m'thumba, amaimvera sabata yonse, ndipo ulendo wotsatira amabwera akudziwa mawu onse, atatenganso anzake awiri. Ma CD atachepa, anthuwo anayamba kuika nyimbozo pa intaneti n'kumatumizirana. Mpukutuwo unadziwika ndi dzina lakuti Beneath the Boardwalk, potengera The Boardwalk, malo a zoimbaimba ku Sheffield kumene Turner ankagwirako ntchito yogulitsa zakumwa. Tsamba la gululi pa MySpace, malo ochezera a pa intaneti a nthawi imeneyo, limene manyuzipepala ankalitama kwambiri, linatsegulidwa ndi okonda gululi, osati eni ake. Intaneti inangonyamula katundu amene anali atapsa kale.

Chinanso chimene anthu amachiiwala ndi nyimbo zenizenizo. Turner sankayesa kuimba ngati wa ku America. Ankaimba m'kalankhulidwe ka kwawo ku Sheffield, za zinthu zimene mnyamata wa zaka 19 amaziona usiku wa Loweruka: mzere wa pakhomo la kalabu, alonda okubweza popanda chifukwa, kulimbirana takisi pobwerera kunyumba. Achinyamata a m'matauni a kumpoto kwa England anadziona okha m'nyimbozo, n'chifukwa chake ankazigawana popanda wowatuma. Ife timaona kuti apa ndi pamene panagona mphamvu yonse, ndipo magulu ambiri amene anatengera njira yogawa nyimbo ulele analephera chifukwa anali ndi njira koma analibe nkhani yoti munthu n'kuuza mnzake.

Pofika mu May 2005 anatulutsa okha kachimbale ka nyimbo ziwiri pansi pa dzina lawolawo la Bang Bang Recordings. M'chilimwe cha chaka chomwecho anaimba pa zikondwerero za nyimbo za ku Reading ndi ku Leeds pa nsanja yaing'ono, tenti n'kudzadza, khamu likuimba nawo nyimbo zimene zinali zisanafike m'sitolo. Makampani anali atayamba kale kuwathamangira, koma iwo anasankha Domino, kumene akanatha kusankha okha nyimbo, chikuto ndi nthawi yotulutsa. Nyimbo yawo yoyamba ku Domino inafika pa nambala 1 pa mndandanda wa nyimbo zogulidwa kwambiri ku Britain mu October 2005, yachiwiri chimodzimodzi mu January 2006.

Chimbale choyamba, Whatever People Say I Am, That's What I'm Not, anachijambula ku Chapel Studios ku Lincolnshire ndi pulodyusa Jim Abbiss. Chinatuluka pa 23 January 2006, sabata imodzi tsiku limene analengeza lisanafike, nyimbo zake zitayamba kale kuyendayenda pa intaneti. Chinagulidwa makope 363,735 m'sabata yoyamba, ndipo pa nthawiyo panalibe chimbale choyamba cha woimba aliyense chimene chinayenda mwachangu chotero ku Britain. Chaka chomwecho chinapata mphoto ya Mercury, imene imaperekedwa chaka chilichonse kwa chimbale chopambana ku Britain ndi Ireland. Ndiye amene amaopa kuti kugawa demo kumapha malonda aone: anthu omwe anali nazo kale nyimbozo ndi amene anayamba kufola kukagula.

Zovuta zinabwera msanga. Kuyenda kosalekeza kunamutopetsa Nicholson, moti ulendo wa ku America wa 2006 sanapite nawo, ndipo malo ake anatenga Nick O'Malley, amene alipo mpaka lero. Gulu likakwera mwadzidzidzi, ndandanda ya maulendo imakonzedwa potengera kuchuluka kwa ofuna matikiti, thupi la woimba silifunsidwa. Inu amene mukuyamba kumene, gwirizanani za masiku opuma ndi kagawidwe ka ndalama zinthu zisanayambe kuyenda bwino, chifukwa zikayamba kuyenda nthawi yokambirana imasowa.

Vuto lachiwiri ndi chimbale chotsatira. Magulu ambiri amathera nyimbo zawo zonse zabwino pa choyamba. Awa sanachedwe: Favourite Worst Nightmare chinatuluka mu April 2007, patangopita miyezi 15, ndipo chaka chomwecho anali gulu lalikulu lotseka usiku ku Glastonbury, chikondwerero chachikulu cha nyimbo ku England. Pulodyusa James Ford, amene anagwira nawo ntchito pa chimbale chimenechi, sanasiyane nawonso.

Mu 2008 anachita chinthu chimene kampani yaikulu ikanachiopa. Anapita kuchipululu cha California kukajambula ndi Josh Homme wa gulu la Queens of the Stone Age, n'kutulutsa Humbug mu 2009, chimbale cholemera, chodekha, chopanda liwiro lija anthu anawakondera. Ambiri anadandaula, malonda anatsika. Koma kulira kwa gitala kokhuthala kumene anakuphunzira kumeneko n'kumene kunadzabala AM mu 2013, chimbale chimene chinawatsegulira America. AM isanatuluke, mu 2012, anali ataimba pa mwambo wotsegulira masewera a Olympics ku London.

Atapuma zaka zingapo, anabweranso mu May 2018 ndi Tranquility Base Hotel & Casino, chimene Turner anachipeka pa piyano, ndipo anachitulutsa popanda nyimbo ngakhale imodzi yotsogola pa wailesi. Okonda gululi anagawikananso, komabe chinafika pa nambala 1, monga zinachitira zimbale 5 za m'mbuyo mwake. The Car cha mu October 2022 ndi chimene chinaima pa nambala 2, chitatuluka tsiku limodzi ndi chimbale cha Taylor Swift. Mu June 2023 anatsekanso usiku ku Glastonbury kachitatu, patatha zaka 20 chichokereni pa kansanja ka ku The Grapes.